MASESE A M'NKHUMBA ACOKERA KWA MUNTHU

Inu alimi anzanga, amene muweta nkhumba ndi inunso amene mungodya nyama yace, pali mlandu umene ndifuna kuti tiuweruze pamodzi. Mlanduwo ndi wa masese, timatuza toyera tija tonga mpunga timene tipezeka m'nyama ya nkhumba. Ambiri a inu munationa. Munthu apha nkhumba yace yonenepa kuti apeze ndalama za feteleza kapena za sukulu, nang'amba mwendo, napeza mnofu wonse wadzala timatuza ta madzi. Pomwepo atukwana nkhumba, nakalipira mkazi wace kuti anaidyetsa masese a mowa, ndipo madzulo akaigulitsa motsika mtengo kumowa, kumene anthu sapenyetsa cimene alikudya.

Ine nditi nkhumbayo iribe mlandu, ndi mai uja alibe mlandu. Masese a m'nyama acokera kwa munthu, ndipo abwerera kwa munthu. Amene tingathe kuwathetsa ndife eni mudzi, ndipo cida cace coposa zonse ndico khasu lokumbira cimbudzi.

Kodi masese nciani?

Kathuza kali konse kamene muona m'nyamamo ndi camoyo. M'kati mwace muli mutu wa njoka ya m'mimba, imene madotolo aicha Taenia solium. Munthu akadya nyama yosapsa bwino, kathuzako kasungunuka m'mimba mwace, mutu uja uturuka nukola m'matumbo ndi timbedza tace. Pakapita miyezi 2 kapena 3 wasanduka njoka yaitali, yoyera ndi yophwatalala ngati luzi, ya mamita 2 kapena 3, ndipo zina zitalika koposa.

Njokayi iri ndi timapande tambiri tolumikizana. Timapande takumcira tikakhwima tiduka, ndipo tituruka pamene munthu adzithandiza. Kaphande kamodzi kanyamula mazira ngati 50,000, ang'ono kwambiri osaoneka ndi maso. Mwini njoka kawiri-kawiri samva kuwawa kweni-kweni. Alima, ayenda, aseka ndi anzace, osadziwa kuti alikufesa mazirawo kuseri kwa mudzi.

Tsono nkhumba yoyenda yokha imtsata munthu kuthengo. Nonse mudziwa cimene ikacita kumeneko, sindicita kucichula. Mazira aja akalowa m'mimba mwa nkhumba aswa, tiana tace tiboola matumbo tilowa m'magazi, ndipo tikakhala m'mnofu, m'lilime ndi mu mtima. Pakapita miyezi 2 kapena 3 tasanduka masese. Pamenepo ulendo wazungulira: munthu anapatsa nkhumba mazira, nkhumba ibwezera munthu njoka.

Izi si zongoganizira iai. M'caka ca 1855 dotolo wa ku Germany, dzina lace Friedrich Küchenmeister, analemba za kuyesa kumene anacita. Iye anaika masese m'cakudya ca wandende amene anaweruzidwa kuti aphedwe, ndipo atafa munthuyo anapeza tiana ta njoka titakola m'matumbo mwace. Kuyesa kotere kunali kwankhanza, ndipo lero sikungaloledwe, koma kucokera nthawi imeneyo nkhaniyi iri poyera. Masese a mowa, gaga ndi madzi a m'thamanda sizibala masese a m'nyama. Nkhumba imene sinadyepo mazira ocokera m'mimba mwa munthu singakhale nao.

Coopsa ceni-ceni ndi khunyu

Wina adzati, "Nanga njoka ya m'mimba ndi kanthu? Makolo athu anali nazo, koma anakalamba." Tamverani tsono mbali imene iri yoopsa. Mazira aja sasankha mimba. Akalowa m'kamwa mwa munthu acita monga momwe acitira mwa nkhumba: aswa, alowa m'magazi, nakasanduka masese m'thupi la munthuyo. Ena akhala m'mnofu, ena pansi pa khungu ngati timibulu, ena m'diso, ndipo ena akafika m'bongo. Masese a m'bongo ndiwo abweretsa mutu wosatha ndi khunyu, nthenda imene ena aicha njirinjiri. Nthawi zina papita zaka munthu asanayambe kugwa, ndipo cifukwa cace palibe amene akumbukira kumene nthendayo inacokera.

Mazirawo afika bwanji m'kamwa? Afika ndi manja osasamba a munthu wa njoka amene aphika kapena apisa m'mbale imodzi ndi anzace. Afika ndi ndiwo za kudimba ndi mango otola pansi osatsuka. Afika ndi madzi a pa citsime cimene mvula yakokoloreramo zonyansa za kuthengo. Mwana wokwawa pabwalo aika dothi m'kamwa, ndipo dothilo sitidziwa cimene nkhumba yapondapo.

Bungwe loyang'anira za umoyo pa dziko lonse, la World Health Organization, linena kuti m'maiko ambiri kumene anthu akhala pamodzi ndi nkhumba zoyenda zokha, mwa odwala khunyu 10 ali onse, atatu adwala cifukwa ca njoka imeneyi. Kuno kwathu ku Cigawo ca Kum'mawa, akatswiri a ku University of Zambia pamodzi ndi anzao a ku Belgium anapima anthu ogwa khunyu, ndipo m'caka ca 2015 analengeza kuti oposa theka la amene anawapima anaoneka ndi zizindikiro za masese m'bongo. Si khunyu lonse licokera ku masese, koma gawo limene licokera kumeneko ndi lalikulu, ndipo ndi gawo limene tingathe kulipewa.

Taganizirani za mtsikana amene wasiya sukulu cifukwa anzace amthawa, kapena mai amene anagwera pamoto alikuphika napsa dzanja lolimira. Abale ace agulitsa mbuzi kupita nazo kwa sing'anga, ndipo aloza cala nkhalamba ya m'mudzi kuti ndiyo mfiti. Banja ligawanika, pamene woyambitsa zonsezi ndi dzira limene linacokera pa chire la kuseri kwa nyumba. Dziwaninso kuti khunyu silipatsirana ndi thobvu la pakamwa kapena kukhudza wodwala. Mnzanu akagwa pafupi ndi moto kapena madzi, mcotseni msanga, mumgoneke cammbali, ndipo musaike kanthu m'kamwa mwace.

"Ine sindidya nkhumba"

Alipo pakati pathu amene sadya nkhumba cifukwa ca cipembedzo cao, ndipo ayesa kuti nkhaniyi siwakhudza. Zoona, iwo sangatenge njoka ya m'matumbo, pakuti imeneyo ibwera ndi nyama. Koma masese a m'bongo abwera ndi mazira, ndipo mazira acokera kwa munthu mnzao. M'caka ca 1992 madotolo a ku America analemba za Ayuda ena a mu mzinda wa New York, anthu osalawa konse nkhumba, amene anapezeka ndi masese m'bongo. Pofufuza anaona kuti mazira ayenera kuti anadza ndi anchito a m'nyumba zao, ocokera ku maiko kumene njokayi iri yofala. Ngati izi zinacitika m'nyumba za mipope ya madzi, nanga m'mudzi mwathu mmene timwa citsime cimodzi? Nthendayi ndi ya mudzi wonse.

Zimene anthu anena pokana cimbudzi

Ndidziwa kuti za cimbudzi munazimva kale-kale, ndipo ambiri munakumba. Koma pali midzi imene zimbudzi ziripo, pamene amuna apitabe kuthengo. Akatswiri amene anaceza ndi anthu m'boma la Petauke analengeza m'caka ca 2015 kuti cifukwa cimodzi cacikulu ndi manyazi: mwamuna safuna kulowa cimbudzi cimodzi ndi apongozi ace, ndiponso safuna kuti ana amuone alikulowamo.

Ine sindinyoza mwambo umenewu. Ulemu kwa apongozi ndi cinthu cabwino, ndipo ndiwo usunga mtendere pa cikamwini. Koma ndifunse: ulemu uli pati pamene mkamwini athawa cimbudzi ca apongozi, napita kuthengo, nkhumba nkudya zace, ndipo pa Khrisimasi nyama yomweyo aipereka kwa apongoziwo m'mbale? Mwambo suletsa kukumba maenje awiri. Kumbani cimodzi ca amuna ndi cina ca akazi ndi ana. Khomo lace lipenye kuthengo, ndipo mumange mpanda wa udzu wobisa njira, kuti wolowa asaoneke ndi a pabwalo. Mwa njira imeneyi mwambo usungika, ndi ana asungika.

Ena ati zimbudzi zigwa ndi mvula. Zoona, maka-maka pa dothi la mcenga. Kumbani pa malo okwera, kutali ndi citsime ndiponso kumunsi kwace. Dzenje likhale lozungulira, pakuti lotero siligumuka msanga. Pa dothi lofewa lukani nsungwi kapena ikani njerwa m'kati mwace, yalani mitengo yolimba yosadyeka ndi ciswe, folerani denga, ndipo kumbani kangalande kopatutsa madzi. Ikani citseko kuti nkhumba isalowe, cobvundikira pa dzenje, ndi madzi ndi sopo kapena phulusa pakhomo. Munthu amene amanga nkhokwe yosagwa caka conse sangalephere nchito imeneyi. Ndipo mukakhala kumunda kutali ndi mudzi, khasu liri m'manja mwanu: kumbani mozama ndi kukwirira.

Zimene anena pokana khola

Mau amene ndimva kawiri-kawiri ndi awa: "Ndikaitsekera, ndidzaidyetsa ciani? Ife tomwe cakudya sicikwana." Awa ndi mau a nzeru, ndipo sindiwapeputsa. Nkhumba yoyenda yokha idzifunira cakudya, ndico cifukwa cace anthu osauka aikonda. Koma taonani cimene mucita kale. Pa dzinja, cimanga ciri m'munda, nkhumba muzitsekera kapena kuzimanga, pakuti muopa mlandu wa munda wa mwini. Muzimasula mutakolola. Ngati mutha kuzitsekera m'miyezi ya njala cifukwa ca cimanga, mulephera bwanji m'miyezi ya masika ndi cirimwe cifukwa ca ana anu?

Sungani gaga pamene mukonola, muliyanike bwino lisaole. Dzalani mbatata ndi maungu pafupi ndi khola, pakuti masamba ndi zipatso zace ndi cakudya ca nkhumba. Bonongwe, makoko ndi zotsala za m'mphika zonse zithandiza. Masese a mowa amene munawanamizira aja, ipatseni ndithu. Ndipo ngati cakudya cikwanira nkhumba ziwiri, wetani ziwiri. Ziwiri zoyera zimene wogula alipira mtengo wonse ziposa zisanu zimene azikana atapenya lilime. Khola licepetsanso kukumana kwa nkhumba zanu ndi za eni, kumene kufalitsa cigodola.

Nanga nkhumba imene iri nao kale?

Ogula nkhumba adziwa kuigwetsa, kuika mtengo m'kamwa ndi kupenya kunsi kwa lilime. Phunzirani kucita cimodzi-modzi musanagule. Koma dziwani kuti lilime lionetsa nkhumba yodzala masese yokha. Imene iri nao pang'ono ipita osaoneka, kotero nyama iri yonse ya nkhumba iyenera kupsa.

Mukapeza masese mwa nkhumba yamoyo, musathamangire kuigulitsa usiku. Alipo mankhwala ochedwa oxfendazole amene apha masese a m'mnofu ndi kumwetsa kamodzi. Mlangizi wa ziweto ndiye adziwa muyeso wace monga mwa kulemera kwa nkhumba, ndipo adzakuuzani nthawi yoyembekeza musanaiphe, pakuti masabata 3 oyamba nyama ikhala ndi mankhwala, ndipo masese akufawo atenga miyezi kuti azimirire. Aliponso katemera wa nkhumba wochedwa TSOL18. Funsani mlangiziyo ngati afika kwanuko.

Koma mukapeza masese mutapha kale, ndikupemphani, musagulitse nyamayo. Ndidziwa kuti ndalama zimenezo munaziwerengera kale. Komatu wogulayo ndi mnansi wanu. Iye akatenga njoka adzabwera nayo m'mudzi mwanu momwemo, adzapisa m'mbale mwanu pa maliro, ndipo mazira ace adzafika kwa mwana wanu. Akulu anati mwana wa mnzako ngwako yemwe. Pa nkhani iyi mauwo ndi oona kweni-kweni.

Kwa inu mafumu ndi anyakwawa

Munthu mmodzi sangathe nchitoyi, pakuti nyumba imodzi yopanda cimbudzi ikwanira kudwalitsa nkhumba za mudzi wonse. Inu muweruza kale milandu ya nkhumba yodya munda. Itanani anthu pabwalo mupangane kuti nyumba iri yonse ikhale ndi cimbudzi cace mvula isanagwe, kuti anyamata akumbire nkhalamba ndi akazi amasiye, ndi kuti pa msika, pa chalichi, pa sukulu ndi pa malo a mowa pakhalenso zimbudzi. Ndipo muyambe ndinu, kuti anthu aone mfumu siicita manyazi.

Kumbukirani izi

1. Ali yense, mwamuna, mkazi ndi mwana, adzithandize m'cimbudzi, ndipo zonyansa za makanda zitayidwe momwemo.

2. Sambani m'manja ndi sopo kapena phulusa pocokera ku cimbudzi, musanaphike ndiponso musanadye.

3. Nkhumba zikhale m'khola caka conse.

4. Dulani nyama ya nkhumba nthuli zazing'ono, muiphike kufikira m'kati mulibe pofiira. Nyama yowamba msanga-msanga kumowa ipsa kunja kokha, ndipo kacasu sapha masese.

5. Mukaona timapande toyera m'zonyansa zanu kapena za mwana, pitani ku cipatala. Mankhwala ocotsa njokayi alipo. Koma munthu wogwa khunyu kapena wa mutu wosatha asamwe mankhwala a njoka popanda dotolo, pakuti ena a iwo autsa masese a m'bongo.

6. Wodwala khunyu mupite naye ku cipatala. Alipo mankhwala oletsa kugwa, ndipo ambiri amene awamwa mosadumphitsa abwerera kumunda ndi kusukulu.

Dothi likali lofewa mvula itangotha, ndiyo nthawi yabwino yokumba. Musayembekeze kuti mnansi wanu ayambe.