Kuwala Kopota ndi Mankhwala a m'Makomboni

Anthu zikwizikwi amene amatenga mankhwala pa zipatala za Kanyama, Matero ndi Chawama, kapena pa makiliniki a George, Mtendere ndi Kalingalinga, sadziwa kuti kucira kwao kwadalira pa nkhani ya dzanja lamanja ndi lamanzere. Nkhaniyi imamveka ngati ya akatswiri a kutsidya kwa nyanja okha, komatu inalowa kale m'nyumba za anthu wamba. Cifukwa ca ici nkoyenera kuti ana a m'makomboni aiphunzire, ndipo aione ndi maso ao m'sukulu.

Manja a munthu ndi ofanana, koma sali amodzi. Nsapato ya kumanja silowa bwino phazi lamanzere ngakhale kukula kwake kukhale komweko. Ndi mmenenso zinthu ziliri ndi timagulu ta maatomu tochedwa mamolekyu. Mamolekyu ambiri ali ndi mitundu iwiri, wina wa kumanja, wina wa kumanzere, monga cinthu ndi cithunzi cake m'kalilole. Kulemera kwao ndi kumodzi, maonekedwe ndi amodzi, koma thupi la munthu limaisiyanitsa, pakuti nalonso linamangidwa ndi mamolekyu a mbali imodzi.

Zitsanzo zili m'manja mwa odwala. Ethambutol, amodzi mwa mankhwala a cifuwa ca TB, amapangidwa a mtundu umodzi wokha, cifukwa mtundu wa mbali inayo uli ndi mphamvu yocepa kwambiri yolimbana ndi tizirombo. Lamivudine, amene ali m'mapiritsi ambiri a ARV, poyamba anali osakaniza mitundu yonse iwiri. Ofufuza anapeza kuti yonse imalimbana ndi kacirombo ka HIV, koma umodzi umaononga kwambiri maselo a munthu. Anasankha wosapwetekawo. Kuyambira 2004, pamene makiliniki a Boma mu Lusaka anayamba kupereka ma ARV kwa anthu ambiri, kusankha kumeneku kwasunga makolo amene ana ao akanakhala amasiye.

Tsono kodi zinthu zofanana motere angazisiyanitse bwanji? Njira imodzi yakalekale ndiyo kuwala. Kuwala kumayenda ngati mafunde a pa cingwe cimene mwana akucigwedeza. Akagwedeza dzanja m'mwamba ndi pansi, mafunde amatsata mbali imodzi. M'caka ca 1815, Jean-Baptiste Biot wa ku France anaona kuti kuwala kotere kukadutsa m'zamadzimadzi zina kumapendeka, kwina kumanja, kwina kumanzere. Mu 1848 Louis Pasteur, ali ndi zaka 25, anapatula ndi kapani timiyala ta mcere wa tartaric acid m'magulu awiri, napeza kuti gulu lina limapendeketsa kuwala kumanja, lina kumanzere. Nzeru imeneyi imagwira nchito m'mafakitale a shuga onga a ku Nakambala, Mazabuka. Madzi a shuga amapendeketsa kuwala kumanja, ndipo shuga akaculuka kupendekako kumakula. Motero kutsekemera kwa nzimbe za mlimi kumayezedwa ndi kuwala.

Koma mwana uja akazunguza dzanja m'malo moligwedeza, mafunde a pa cingwe amapota, kumanja kapena kumanzere, malinga ndi mmene dzanja likuzungulira. Kuwala nako kumatha kupota cimodzimodzi. Uku ndiko kuwala kopota, kumene Augustin Fresnel anakufotokoza ca m'ma 1820. Pokhala nako kuli ndi dzanja lake, kumakomana mosiyana ndi molekyu ya kumanja ndi ya kumanzere, monga mmene moni wa dzanja lamanja umakhalira bwino ndi lamanja linzake. Mu 1895 Aimé Cotton anaonetsa kuti zinthu zina zimameza kuwala kopota kumanja mosiyana ndi kopota kumanzere. Bvuto ndi lakuti kusiyanako ndi kocepa zedi, kotero kuti pamafunika makina a mtengo wapatali.

Apa ndi pamene ofufuza a masiku ano aikapo mtima. Iwo akupanga tinthu ting'onoting'ono toyezedwa ndi nanomita. Milimita imodzi ikagawidwa magawo 1,000,000, gawo limodzi ndilo nanomita. Tinthu timeneti tikaumbidwa mopota timagwirana ndi kuwala kopota mwamphamvu kuposa molekyu payokha. Mu 2015 Nicholas Kotov wa ku University of Michigan ndi anzake anaonetsa kuti tinthu ta cadmium telluride tikaunikidwa ndi kuwala kopota timalumikizana nkukhala timalamba topota, ndipo kuwala ndiko kumasankha mbali imene tambiri tipotere. Mu 2018 gulu la Ki Tae Nam ku Seoul National University linakuza timibulu ta golide topota, pogwiritsa nchito cysteine, molekyu imene ilinso m'thupi la munthu. Colinga ca ambiri mwa ofufuzawa ndi kupanga zoyezera zazing'ono zimene zingazindikire mtundu wa molekyu m'kadontho kamodzi.

Ena adzanena kuti zimenezi ndi zoseweretsa za maiko olemera. Adzati Kanyama imasefukira madzi mvula ikagwa, kolera inapha anthu m'makomboni mu 2017 ndi 2018, inabweranso mu 2023 ndi 2024 mpaka odwala anagonekedwa m'bwalo la National Heroes Stadium, ndipo cofunika ndi mipope ndi zimbudzi. Mau ao ndi oona, ndipo madzi abwino sayenera kudikira ciriconse. Komabe amene amayeza madzi a m'citsime kuti aone ngati muli tizirombo ndi munthu amene anaphunzira sayansi. Dziko limene siliphunzitsa ana ake kuyeza lidzamanga mipope, koma lidzapitirira kufunsa alendo ngati madziwo ndi abwino.

Cimodzimodzinso ndi mankhwala. Bungwe la World Health Organization linanena mu 2017 kuti m'maiko osauka ndi ongotukuka kumene, pafupifupi mankhwala amodzi mwa 10 alionse ndi acinyengo kapena osakwanira mphamvu. Ambiri mwa mankhwala a m'Zambia amacokera kunja. Piritsi logulidwa pa kantemba limaoneka loyera ndi lokongola, koma akulu anati cikomekome ca mkuyu, m'kati muli nyerere. Bungwe la Zambia Medicines Regulatory Authority, lokhazikitsidwa ndi lamulo la mu 2013, ndilo linapatsidwa udindo woyang'anira mankhwala. Kuwala kopota sikungagwire cinyengo conse, pakuti piritsi locepa mphamvu limadziwika ndi njira zina. Zoyezera za golide zija nazo zikali m'manja mwa ofufuza. Koma njira zonsezi zimafuna anthu odziwa kugwira makina ndi kuwerenga zimene makinawo aonetsa, ndipo anthu otere sapangika tsiku limodzi.

Yunivesite ya Zambia, imene inatsegulidwa mu 1966, ili moyandikana ndi Kalingalinga. Mwana wa m'komboni imeneyi amaona nyumba zake tsiku ndi tsiku, koma njira yofikira m'kalasi la physics kapena chemistry ndi yaitali kuposa mmene maso aonera. Boma linacita bwino pocotsa malipiro a sukulu mu 2022, ndipo ana ambiri anabwerera m'makalasi. Cotsala ndi cakuti anawo asamangoloweza sayansi ya pa bolodi, osagwirapo kanthu ndi manja.

Ciyambi cake sicifuna ndalama zambiri. Galasi la kompyuta yakale kapena la mafoni ambiri limatulutsa kuwala kotsata mbali imodzi. Mphunzitsi akaika botolo la madzi a shuga wambiri patsogolo pa galasilo, nkuyang'anira m'magalasi a dzuwa a mtundu wa polaroid, uku akuwazunguza pang'onopang'ono, ana adzaona madzi oyera akusintha maonekedwe, kufiira, kubiriwira ndi kwina. Adzakhala aona ndi maso ao cimene akatswiri a ku France anaona zaka 200 zapitazo, ndipo mafunso adzabwera okha.

Motero Unduna wa Maphunziro uyenera kuika zipangizo zosabvuta zotere m'sukulu zonse za m'makomboni ndi kuphunzitsa aphunzitsi kagwiritsidwe kake. Aphunzitsi a pa yunivesite ayenera kuoloka msewu, kuyendera magulu a JETS a ku Kalingalinga ndi Mtendere, ndi kuitana ana kuti adzaone makina enieni. Makampani a shuga ndi a mankhwala, amene amadya za sayansi imeneyi, angathe kupereka makina ao akale kwa masukulu m'malo mowatsekera m'nyumba zosungiramo katundu. Makolo naonso alimbikitse ana ao, makamaka atsikana, kuti asathawe masamu ndi sayansi.

M'mera mpoyamba. Mwana wa ku George kapena Chawama amene lero aona shuga akupendeketsa kuwala ndiye amene mawa adzayeza mankhwala olowa m'dziko, nadzanena ngati ali oyenera kuperekedwa kwa odwala.