Mlandu wa Columba

Ife a kuno ku Ntcheu ndife anthu a kumapiri. Ana ambiri amene ndimawaphunzitsa sanaonepo nyanja, kotero kuti pofotokoza za chilumba ndimachita kujambula pabolodi. Komabe nkhani za zilumba zakutali ndi za anthu okhala kwaokha amazimvetsera kukamwa kuli yasa. Inenso ndili chimodzimodzi, ndipo mwezi uno ndifuna tikambirane za chilumba chimodzi chimene Mpingo wathu uli nacho chibale.

Dzina lake ndi Iona, kumadzulo kwa Scotland. Nkachilumba kakang'ono, kutalika kwake ngati makilomita asanu basi. M'chaka cha 563 panafika munthu wina wa banja lachifumu dzina lake Columba, ali ndi anzake khumi ndi awiri. Anachokera ku Ireland, dziko lija timalitchula osadziwa tikamagula mbatata ya airishi pa Lizulu. Anthuwa anali amonke, ndiko kuti amuna osakwatira, odzipereka kupemphera, kulima ndi kukopera Malembo pamanja. Ena mwa inu mwayamba kale kukwinya nkhope pomva mawu akuti amonke. Inenso sindivomereza kuti kuthawa banja ndi mudzi ndiko kuyera mtima. Koma awa sanabisale. Anapalasa ngalawa kukalalikira ku Scotland, ndipo mu 635 mmodzi wa ku Iona, Aidan, anakatsegula ntchito pa chilumba cha Lindisfarne ku England. Kuchokera ku Scotland komweko Uthenga unafika ku Cape Maclear mu 1875 ndi ku Blantyre mu 1876. Nchifukwa chake mumzinda wa Blantyre muli mpingo wa CCAP wotchedwa St Columba.

Funso limene lasautsa anthu ophunzira ndi ili: kodi mwana wa mfumu anachokeranji kwawo?

Pali nthano yokoma. Akuti Columba anabwereka buku la Masalmo kwa mphunzitsi wake Finnian, nalikopera usiku mobisa. Mwini buku atadziwa anati chokoperacho nchake. Mlandu unapita kwa mfumu Diarmait, imene inagamula monga agamulira Angoni pa mlandu wa ng'ombe: mwana wa ng'ombe ngwa mwini ng'ombe, chomwechonso mwana wa buku. Abale a Columba anapsa mtima, nkhondo inabuka pa Cúl Dreimne cha m'ma 561, anthu ambiri anafa, ndipo Columba anachoka ndi chisoni kuti akakope miyoyo yochuluka monga ija inatayika. Ana a sukulu amaombera m'manja nthanoyi. Vuto lake nlakuti tikuipeza yathunthu m'buku la Manus O'Donnell la mu 1532, patapita zaka pafupifupi chikwi. Mboni yofika mochedwa chotere sitingailandire msanga pabwalo. Ku Dublin kukusungidwa buku lakale la Masalmo limene anthu amati ndi lomwelo, koma akatswiri sagwirizana ngati dzanja lake ndi la Columba.

Mboni yoyandikira ndi Adomnán, mtsogoleri wachisanu ndi chinayi wa amonke a ku Iona, amene anamwalira mu 704. Iyeyu anakhala pachilumbapo, namva kwa okalamba. Za buku lobedwa sanenapo kanthu. Angotchula kuti Columba anachoka patapita zaka ziwiri nkhondo ija itachitika. Koma pamalo ena aulula chinthu chimene chinandiimitsa mutu nditachiwerenga koyamba: Columba anadulidwa ndi Sinodi. Adomnán akuti zifukwa zake zinali zazing'ono, ndi kuti pambuyo pake zinaoneka kuti chigamulocho chinali cholakwa. Zifukwazo sanazitchule. Anangosimba kuti pamene wodulidwayo anafika pamsonkhano, mkulu wina dzina lake Brendan wa ku Birr anaimirira nampsompsona, anzake nkumamdzudzula, ndipo mlandu unathera pomwepo.

Tsono onani, abale. Munthu amene tatcha dzina lake nyumba ya Mulungu anakhalapo pansi pa chilango cha mpingo, ndipo mpaka lero palibe adziwa chimene analakwa. Anamwalira pachilumbapo mu 597. Adomnán akuti tsiku lake lomaliza anali kukopera Salmo 34, nalekeza pa ndime 10, nati zotsalazo alembe wina. Mu 806 achifwamba a panyanja otchedwa Vikings anapha amonke 68 pomwepo, koma nkhani ya Brendan inapulumuka chifukwa wina anailemba.

Sindikunena kuti chilango chithe. Ndakhala m'bwalo la akulu a mpingo zaka zoposa makumi awiri, ndipo ndaona anthu amene chilango chinawabweza pakhomo pa imfa. Chimene chandilemera nchina.

Chaka chathachi kunabwera mayi wina wochokera ku Bulawayo, Chichewa chake chopunduka. Atate ake anali a kwathu kuno, anapita ku Zimbabwe ali mnyamata ndipo anafera komweko. Moyo wawo wonse anali kupita kutchalitchi, koma tsiku la Mgonero anali kutuluka mwakachetechete, osafotokozera ana awo chifukwa. Mayiyo anati, "Bambo, mundionereko m'buku chimene atate anga analakwa." Popeza ine ndine mlembi, ndinatsegula kabati ndi kutulutsa buku lakale, chiswe chitadya m'mbali. Dzina ndinalipeza. Patsogolo pake panali tsiku, ndi mawu awiri okha: "Wadulidwa. Mwano."

Ananyoza yani? Anati chiyani? Kodi anamtumira akulu kukamchezera asanakwere basi? Onse amene anakhala pa mlanduwo anagona kale. Ndinavundukula masamba a zaka khumi zotsatira, kawiri konse, kufuna mzere wakuti anabwezedwa, kapena dzina la mkulu mmodzi amene anamuimirira. Mayi uja anali chikhalire pabenchi, manja ali pamiyendo, kudikira kuti ndidzutse mutu.