Khoti Lingakakamize Akuluakulu a Boma Kuyankha Eni Malo

M'boma la Chadiza, malo ambili ndi a mwambo, ndipo ali m'manja mwa mafumu monga Zingalume, Mlolo ndi Mwangala, pansi pa Kalonga Gawa Undi. Boma likafuna malo omangapo mseu, sukulu kapena cipatala, mlimi amene watayikidwa munda amalemba kalata yopempha cipepeso kapena malo ena. Cimene cimamupweteka kwambili ndi pamene kalatayo ikhala mu ofesi miyezi yambili popanda yankho.

Malamulo a Zambia amateteza munthu wotele. Gawo 16 la malamulo aakulu a dziko limati katundu wa munthu sangatengedwe mokakamiza popanda lamulo lopeleka cipepeso cokwanila, ndipo ngati mbali ziwilizo sizinagwilizane pa mtengo, khoti ndilo ligamula. Lamulo la Lands Acquisition Act la 1970 limapatsa Pulezidenti mphamvu yotenga malo pa nchito yothandiza dziko, koma eni ake ayenela kupatsidwa cidziwitso. Nalo lamulo la Lands Act la 1995 limaletsa kupeleka malo a mwambo kwa munthu wina popanda kufunsa mfumu, khonsolo ndi aliyense amene nkhaniyo imukhudza.

Ngati mkulu wa boma wanyalanyaza udindo umene lamulo linamupatsa, wodandaula angapemphe Khoti Lalikulu kuti lipeleke cigamulo cochedwa mandamus. Ici ndi cigamulo colamula mkuluyo, kaya ndi nduna, Komishinala wa za Malo kapena khonsolo, kuti acite nchito yake. Komabe khoti silimuuza kuti avomele pempholo. Limangomulamula kuti aliganizile motsatila lamulo ndi kupeleka yankho. Yankholo lingakhale lokana, koma ngakhale kukana kuli ndi phindu, cifukwa munthu angakutsutse ku khoti kapena ku bwalo la milandu ya malo la Lands Tribunal. Kukhala cete ndiko kumamanga mlimi manja.

Mlandu wa ku Serenje ukuonetsa mphamvu ya makhoti komanso kucedwa kwake. Mu 2013 anthu a m'dela la Mfumu Yaikulu Muchinda anacotsedwa pa malo a makolo awo, malowo atasandutsidwa famu ya malonda iwo osafunsidwa. Pa 30 April 2020 Khoti Lalikulu linapeza kuti ufulu wao unaphwanyidwa, ndipo linalamula boma kuwapatsa malo ena ndi cipepeso. Anthuwo sanakhutile cifukwa taitolo ya famuyo inasiyidwa, motelo anacita apilo. Mu April 2022 Khoti la Apilo linagamula kuti taitoloyo ifafanizidwe. Kucoka tsiku lothamangitsidwa, panali patapita zaka pafupifupi 9.

Kwa anthu a ku Chadiza, vuto lalikulu ndi umboni. Ambili alibe taitolo, ndipo zambili zimakambidwa pakamwa pabwalo la mfumu. Khoti limafuna kuona kuti pempho linapelekedwadi ndipo silinayankhidwe. N'cifukwa cake kope la kalata lokhala ndi deti ndi cidindo ca ofesi, kalata ya mfumu kapena ya mfumu ya mudzi, ndi mndandanda wa nyumba, mitengo ndi mbeu zimene zinaonongeka, n'zofunika kusungidwa. Nthawi nayo ndi yocepa, popeza pempho lotele liyenela kufika ku khoti mwamsanga, kawilikawili isanathe miyezi 3.

Ulendo wopita ku Khoti Lalikulu ku Chipata ndi malipilo a loya ndi mtolo waukulu kwa mlimi wa cimanga ndi soya, ngakhale kuti bungwe la Legal Aid Board limathandiza osauka. Mlimi akadikila yankho, nyengo yolima siimudikila. Ofesi imene iyankha kalata pa nthawi yake imapulumutsa banja ku njala, ndi boma ku ndalama za milandu.