Chithunzi chizidziwa kwawo

Makolo athu akajambulitsa ku situdiyo ankatembenuza chithunzicho n'kulemba kumbuyo kwake malo, chaka, mwinanso mayina. Ife lero tili ndi zithunzi zankhaninkhani m'foni, koma wina atafunsa ngati ichi tinajambulira ku Salima kapena ku Mangochi, timangoyang'anana, poti nyanja ndi yomweyo, mchenganso ndi wofanana.

Chonsecho foni ikhoza kutilembera yokha. Chithunzi cha m'foni chimakhala ndi kakalata kobisika kotchedwa EXIF, kamene kanayambira ku Japan mu 1995. Mmenemo mumalembedwa tsiku, ola ndi mtundu wa kamera. Mukaloleza kamera kuti izidziwa pamene mwaima, mumalowanso manambala a latitude ndi longitude. Foni imawapeza pomvera masetilaiti a GPS amene amazungulira dziko pamtunda wa makilomita pafupifupi 20,200, ndipo imafunika kumva osachepera anayi. Kumvera masetilaitiko sikudya bandulo.

Phindu lake limaoneka patapita nthawi. Mu Google Photos mukangolemba kuti Zomba, zonse zimene munajambula kumeneko zimatulukira pamodzi. Kwa mlangizi woyendera minda, kapitawo wa zomangamanga kapena mmisiri wokonza mijigo, iyi si nkhani yamasewera. Chithunzi cha mjigo wowonongeka chopanda malo chimangomvetsa chisoni, pamene chokhala ndi malo chimalondolera wokonza mpaka pamudzipo. N'chimodzimodzi ndi milatho imene madzi anakokolola pa namondwe Freddy mu Marichi 2023: wobweretsa thandizo amafuna kudziwa kuti ndi pati penipeni.

Zithunzi zakale nazonso zisatsale. Zijambuleni ndi foni, kenako lembanipo malo pamanja. Chitani zimenezi agogo adakali moyo, chifukwa ndi iwo okha angakuuzeni kuti ukwati uja unachitikira pa tchalitchi chiti.

Koma chinthu chothandiza mwini chimathandizanso mlendo. Mu 2012 John McAfee, katswiri wa makompyuta amene ankathawa apolisi a ku Belize, anadziwika kuti ali ku Guatemala chifukwa atolankhani a magazini ya Vice anaika chithunzi chake pa intaneti osachotsamo malo. WhatsApp imachotsa kakalata kaja mukatumiza chithunzi mwa nthawi zonse, koma mukachitumiza ngati document kapena pa imelo, chimapita ndi zonse. Wogulitsa wailesi yakanema atajambulira pabalaza akhoza kulozera akuba khomo lake osadziwa. Kholo lojambula mwana pageti la sukulu lilingalirenso zomwezo.

Choncho lolani kamera izilemba malo kuti nkhokwe ya zithunzi zanu ikhale m'dongosolo, koma chithunzi chisanatuluke m'manja mwanu, onani tsatanetsatane wake n'kuchotsamo malo ngati wolandirayo simukumudziwa. Zidzukulu zanu ziyenera kudziwa kumene munaima, koma aliyense wa pa intaneti alibe chifukwa chodziwira kumene mumagona.