Mlandu umene sunali wa Hildegard Knef

Ndimaona kuti Germany inaweruza Hildegard Knef pa mlandu umene sunali wake. Mu 1946, ali ndi zaka 20, anasewera mu Die Mörder sind unter uns, filimu yoyamba ya ku Germany nkhondo yachiwiri yapadziko lonse itatha, yojambulidwa m'mabwinja a Berlin. Mmenemo iye ndi mkazi wobwerera kwawo kuchokera ku msasa wa chibalo, n'kupeza mwamuna wachilendo akukhala m'nyumba mwake. Anthu anamuombera m'manja. Patangopita zaka zisanu, mu filimu ya Willi Forst yotchedwa Die Sünderin (kutanthauza "mkazi wochimwa"), anaonekera ali mbulanda kwa masekondi ochepa chabe, ndipo dziko linatekeseka: ansembe anadzudzula filimuyo m'maulaliki, ochita zionetsero n'kumaponya timabomba tonunkha m'nyumba zoonetsera mafilimu. Ena anganene kuti matchalitchi sankadandaula za umbulanda wokhawo, koma kuti filimuyo imaonetsa mkazi akupha bwenzi lake lodwala kenako n'kudzipha, nkhani yowawa m'dziko limene boma la Hitler linali litangopha odwala ndi olumala masauzande ambirimbiri. Mfundoyi ndi yomveka, sindikuikana. Komabe nkhaniyo sanailembe Knef, ndipo kamera sanaigwire ndi iye. Nanga bwanji dzina loti "mkazi wochimwa" linamatirira iye, pamene anthu mamiliyoni ankathamangira kukagula matikiti? Mu 1954 khoti lina lalikulu la West Germany linagamula kuti filimu ndi luso lotetezedwa ndi malamulo. Chaka chotsatira iye anali kutali, akusewera mu Silk Stockings pa Broadway ku New York.