Mawu oti "kukometsera" tisawataye

Ophunzira ambiri akamafotokoza mpangankhani wa mawu otsekemera amangoti "ndi wabodza". Apa amataya malikisi. Mawu oyenera ndi oti "kukometsera", ochokera ku mneni woti koma: koma, kometsa, kometsera. Wokometsera amachita ngati wogulitsa kaunjika pamsika. Amatama nsalu ya malaya, koma za bowo la kukhwapa, zii! Sananame, komanso sananene zonse. Kutsatsa ndi kuonetsa malonda chabe, pomwe kukometsera ndi kuphimba chilema ndi mawu okoma. Tsono inu a Folomu 4, pamayeso a MSCE mukapeza mnyamata wonyengerera mbeta kapena wandale wolonjeza mlatho, lembani kuti akukometsera, kenaka perekani umboni wa m'nkhanimo. Paja malonda ndi m'maso.