LIKODZO: FODYA WAKO NDIYE ALI PAMPHUNO

Acikumbi anzathu, nyengo yofesa fodya m'nazale ikafika, ambiri a ife timakhalira m'madzi tsiku ndi tsiku, kutunga m'dambo ndi m'mitsinje kuti tithirire mbande. Komweko ndiko likodzo limatidikira. Munthu wokodza mwazi sacedwa kutopa pa khasu, ndipo mvula yoyamba imampeza asanathe kugalauza mizere ya cimanga. Cifukwa cace nkhani ya mankhwala a nthendayi iri nkhani ya ulimi.

Likodzo limadza ndi tinyongolotsi tokhala m'mitsempha ya mwazi, timene dotolo Theodor Bilharz anatiwona ku Cairo m'caka ca 1851. Mazira ace amaturuka ndi mkodzo kapena cimbudzi, naswa m'madzi, ndipo ana ace amalowa m'nkhono. Pakapita masabata angapo amaturukamo oculuka, naboola khungu la ali yense woponda m'madzimo.

Tsono kwamveka mbiri yakuti makoko a manacesi amapha likodzo. Mbiriyi iri ndi pocokera. M'caka ca 2017 akatswiri a ku Brazil analengeza kuti anayesa mafuta a m'makoko a manacesi ndi a m'masamba a mtundu wina wa ndimu pa tinyongolotsi ta likodzo la m'matumbo, ndipo tina tinafa. Koma tinafera m'mbale za m'nyumba yoyeseramo, osati m'thupi la munthu. Mafuta oterewa ali ndi nchito yace, monga kununkhiritsa sopo ndi zakumwa. Koma ife tikuti asayesedwe mankhwala a likodzo, ngakhale manacesi a ku Mwanza akhale okoma cotani.

Kumbukirani kuti mankhwala eni eni sapezeka msanga. Kuyambira caka ca 1918, pamene dotolo Christopherson anaonetsa mphamvu yace ku Khartoum, odwala ankabayidwa jekeseni ya tartar emetic m'mtsempha kwa masabata angapo. Ambiri ankasanza, ndipo ena anafa nayo. Mankhwala a praziquantel anapezeka ku Germany m'zaka za m'ma 1970, nayesedwa pa nyama ndi pa anthu asanaperekedwe kwa onse. Awa ndi mapiritsi omwa tsiku limodzi, munthu atadya, ndipo pa sukulu amawerengera mwana mapiritsi pomuyeza msinkhu. Popeza ngakulu ndi owawa, ana ang'ono ankalephera kuwameza. Motero kunapangidwa ena osungunuka m'madzi, arpraziquantel, amene anayesedwa pa ana ku Kenya ndi ku Côte d'Ivoire, ndipo bungwe loona za mankhwala ku Ulaya linawabvomereza m'caka ca 2023. Njira yace njomweyo: kuyesa, kuyesanso, kenaka kupereka.

Makolo anati fodya wako ndiye ali pamphuno, wa pacala ngwa mphepo. Mafuta a manacesi akali pacala. Praziquantel ali pamphuno. Wobwatitsa makoko kunyumba amangopatsa mazira a tinyongolotsi nthawi yoononga cikhodzodzo ndi impso. Ndiponso tisanyengedwe ndi aja onena kuti mnyamata akakodza mwazi ndiko kukula. Imeneyo ndi nthenda.

Komabe mapiritsi amapha tinyongolotsi tokhala kale m'thupi, saletsa tina kulowa mawa. Tsono gawo lotsala nlathu. Kumbani cimbudzi pakhomo ndi cina kufupi ndi dimba, patali ndi madzi. Letsani ana kukodza m'mtsinje. Zulani udzu m'ngalande, pakuti nkhono zimakonda madzi oyenda pang'ono. Kumbani citsime pafupi ndi nazale kuti muzitunga ndi cingwe osaponda m'madzi. Madzi osamba a m'dambo agone m'ndowa masiku awiri musanawagwiritse nchito.

Mukaona mwazi mu mkodzo, wanu kapena wa mwana, pitani ku cipatala sabata lomwelo, mvula isanagwe.